Kasoketi ka Pansi pa Chiwongolero

Ngati mukuyendetsa, maso akhale pamsewu, zoweramira pansi pa chiwongolero muchita mukafika kunyumba.

Pa dashibodi ya galimoto zambiri zimene zikuyenda mumsewu wa M1 lero pali kanyali kachikasu kooneka ngati injini, kamene pa galimoto zina kanalembedwa kuti CHECK. Madalaivala ambiri a Sienta ndi Probox anakazolowera kalekale, ena mpaka anamatapo tepi yakuda kuti kasamawathobwe m'maso usiku. Ukawafunsa amati, "Ndi mmene inabwerera, bwana, koma ikuyenda bwinobwino." Ena kakangoyaka mtima umagunda, nkuthamangira kugalaja, komwe amauzidwa kuti galimoto iyenera kuikidwa pa kompyuta. Mawu akuti kuika pa kompyuta amawopsa ngati nkhani ya akatswiri okhaokha. Chimene chimachitika nchakuti makaniko amawerama, nkulowetsa chingwe pa kasoketi kena kamene inunso mungathe kukafika ndi dzanja lanu muli pampando.

Kasoketi kameneka dzina lake ndi OBD-II, ndipo chiyambi chake ndi utsi wa mumzinda wa Los Angeles ku America. M'zaka za m'ma 1940 ndi 1950 mumzindawu munkakuta chifunga chothowa m'maso, anthu nkumaloza chala mafakitale. Katswiri wina wa pa Caltech, Arie Haagen-Smit, ndiye anaonetsa kuti gwero lalikulu linali utsi wa magalimoto ukakumana ndi dzuwa. Mu 1967 boma la California linakhazikitsa bungwe loyang'anira za mpweya lotchedwa California Air Resources Board, ndipo bungweli linayamba kufinya makampani opanga magalimoto. Pofika kumapeto kwa zaka za m'ma 1980 linalamula kuti galimoto izitha kudzizindikira yokha ikayamba kutulutsa utsi woipa, nkuyatsa nyali yochenjeza. Vuto linali lakuti kampani iliyonse inapanga soketi yakeyake ndi chinenero chakechake. Toyota inali ndi kabokosi kake pansi pa boneti, Nissan soketi yake ya timabowo 14, BMW yozungulira ya timabowo 20, Mercedes-Benz ya timabowo 38. Makaniko wamba sakanatha kugula makina a kampani iliyonse, choncho mwini galimoto ankakakamizika kubwerera kwa amene anamugulitsa. Lamulo limene linayamba kugwira ntchito mu 1996 ndilo linathetsa zimenezi: galimoto yaing'ono iliyonse yogulitsidwa ku America iyenera kukhala ndi soketi yofanana ya timabowo 16, pafupi ndi dalaivala, yolankhula chinenero chimene makina a wina aliyense angamve. Mayiko a ku Ulaya anatsatira, mu 2001 pa galimoto za petulo ndi mu 2004 pa za dizilo.

Ndiye kakhala pati? Khalani pampando wa dalaivala, tsegulani chitseko, muwalitse tochi ya pafoni pansi pa dashibodi pamwamba pa mapedulo. Popeza galimoto zathu zambiri chiwongolero chili kumanja, yambirani kumanjako, pafupi ndi kachitsulo kotsegulira boneti. Pa ma Toyota ambiri, kaya ndi Vitz, Corolla kapena Ractis, mukapeza chakumeneko kataloza pansi, koyera kapena kakuda. Ndi kakang'ono, m'lifupi mwake ngati zala ziwiri kapena zitatu, mbali imodzi yotambalala ina yopapatiza kuti chingwe chisalowe chozondoka. Timabowo tili m'mizere iwiri, 8 pamwamba, 8 pansi. Mukakasowa pamenepo, onani kuseri kwa kachitseko ka mafyuzi, chifukwa makampani ena amakabisa pachivindikiro. Pa galimoto zina zakale za ku Ulaya ndi ma Honda ena kamapezeka chapakati, pafupi ndi giya kapena kuseri kwa kotayira phulusa la fodya. Sikafuna sipanala kapena sikuludiraiva. Munthu akayamba kumasula dashibodi yonse ponena kuti akufunafuna pa kompyuta, mufunseni bwino chimene akufuna.

Timabowo 16 tija sitigwira ntchito tonse. Ka nambala 16 kamabweretsa magetsi kuchokera ku batire, ndipo kamakhala ndi moto ngakhale kiyi mwachotsa. Ka 4 ndi ka 5 ndi ethi. Ka 6 ndi ka 14 ndi pamene pamadutsa mauthenga pa galimoto zatsopano, kudzera pa njira yotchedwa CAN imene kampani ya Bosch ya ku Germany inatulukira m'zaka za m'ma 1980, ndipo ku America inakhala yokakamiza kuyambira 2008. Galimoto zakalepo zambiri za ku Japan ndi ku Ulaya zimalankhulira pa ka 7. Zina zonse kampani imaikapo zofuna zake kapena kusiya popanda kanthu. Ndatchula zimenezi pa chifukwa chimodzi: mukalowetsa makina nkukhala osayaka, musafulumire kunena kuti kompyuta ya galimoto yafa. Kawirikawiri ndi fyuzi yapsa, ndipo pa galimoto zina fyuziyo ndi yomwe ija ya pochajira foni. Tichaja totchipa ta pamsika taotcha mafyuzi ambiri.

Makina owerengera alipo amitundumitundu. Otchipitsitsa ndi kabokosi kochepa ngati ka machesi, kamene kamalumikizana ndi foni pa Bluetooth. Nthawi zambiri kamalembedwa ELM327, dzina la kachipangizo kamene kanapangidwa ndi kampani ya Elm Electronics ya ku Canada, ngakhale tambiri timene timagulitsidwa ndi tokopera chabe. Pafoni mumaika pulogalamu ngati Torque kapena Car Scanner. Pali makina am'manja okhala ndi sikirini yawoyawo, ndipo pali akuluakulu a m'magalaja monga a Launch ndi Autel. Pamwamba pa onsewa pali a makampani eni ake: Techstream ya Toyota, Consult ya Nissan, HDS ya Honda. Kagwiritsidwe kake nkosavuta. Injini ikhale yozima, lowetsani chingwe, tembenuzani kiyi mpaka nyali za pa dashibodi ziyake koma osaliza injini. Ngati galimoto yanu ndi yodina batani, dinani kawiri phazi lisali pa buleki. Kenaka uzani makinawo awerenge.

Apa pali msampha umene umatikhudza ife makamaka. Galimoto zathu zambiri zinapangidwira msika wa ku Japan, nkubwera pa sitima kudzatsikira ku Dar es Salaam, Beira kapena Durban. Malamulo a ku America ndi a ku Ulaya sanazikhudze. Choncho mungapeze Corolla kapena Nissan ya kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000 ili ndi soketi yeniyeni ya timabowo 16, chingwe nkulowa bwinobwino, koma kabokosi kotchipa kaja nkukanika kulankhula nayo. Galimoto ilibe mlandu, ikungolankhula chinenero cha kampani yake. Makina akuluakulu a kugalaja amaimva. Zopangidwa chakumapeto kwa zaka zimenezo kupita kutsogolo zambiri zimayankha popanda vuto.

Amakaniko akale a ku Ndirande ndi ku Biwi ali ndi njira ina ya ma Toyota, imene achinyamata ena saidziwa. Pa galimoto zakale zokhala ndi kabokosi kolembedwa DIAGNOSIS pansi pa boneti, amalumikiza TE1 ndi E1 ndi kawaya, nkutembenuza kiyi, nyali ija nkuyamba kuphethira. Kuphethira kuwiri, kupuma, kenaka kumodzi, ndiye kuti nambala 21. Pa ma Toyota ambiri a soketi ya timabowo 16 amalumikiza ka 4 ndi ka 13. Ndi luso labwino, koma sindikukutumani kuti mukayese ndi waya wa hang'ala. Soketi ina imaikidwa chozondoka, munthu nkuwerenga timabowo molakwika, waya uja nkukhudza ka 16 kamoto kaja. Mtengo wa kompyuta ya injini si wosewera nawo.

Tinene tsopano kuti makina awerenga. Chimene chimatuluka kawirikawiri ndi chilembo chimodzi ndi manambala anayi, mwachitsanzo P0171. Amakaniko amati khodi. Chilembo P chikunena za injini ndi giyabokosi, C za mabuleki, chiwongolero ndi zakumiyendo, B za m'thupi la galimoto monga ma airbag, U za kulumikizana kwa makompyuta a m'galimotomo, pakuti galimoto ya masiku ano imakhala ndi makompyuta angapo. Nambala yoyamba ikakhala 0, tanthauzo la khodiyo ndi limodzi pa galimoto zonse, kaya ndi Mazda Demio kaya ndi Volkswagen Polo. Ikakhala 1, kampani ili ndi tanthauzo lakelake, ndipo mukafufuza pa intaneti lembani pamodzi ndi dzina la galimoto yanu, apo ayi mudzawerenga matenda a galimoto ya eni.

Apa ndi pamene ndalama za anthu zikuthera. Khodi sikuuzani chipangizo choti mukagule. Imangonena kuti kompyuta yaona chinthu chosayenda bwino pamalo akutiakuti. Zili ngati namwino akakuyezani nkupeza thupi latentha: kutenthako nkoona, koma kaya ndi malungo kaya ndi chibayo, pafunika kuyezanso. Tengani P0171 ija. Injini ya petulo imafuna mpweya wolemera pafupifupi magawo 14.7 pa gawo limodzi la mafuta. Mu ekisozi muli sensa imene imanunkhiza utsi nkuuza kompyuta ngati mpweya wachuluka kapena wachepa. P0171 ikutanthauza kuti mpweya wachuluka, mafuta achepa, ndipo kompyuta yayesetsa kuwonjezera mafuta mpaka yafika pamalire. Ndiye mumamva munthu akuti, "Kompyuta yanena kuti sensa yafa, pitani mukagule ina." Ayi ndithu. Sensayo ndi imene yagwira ntchito yake, yanena zoona. Chochititsa chingakhale paipi ya labala yong'ambika imene ikulowetsa mpweya wakuba. Chingakhale fumbi la mwezi wa Okutobala limene lamata kasensa koyeza mpweya wolowa, kaja ka pafupi ndi eyakilina, makamaka ngati fyuluta yake inasinthidwa kalekale kapena inangopopedwa ndi mpweya. Chingakhale pampu ya mafuta yotopa, kapena ma injekita otsekeka ndi zinyalala za petulo wa m'zigubu amene timagula mafuta akasowa. Mukagula sensa yatsopano paipi ili chibookere, nyali idzayakanso, ndalama zitapita.

Makaniko wodziwa ntchito saimira pa khodi. Makina omwewo amaonetsa zimene injini ikuchita pa nthawiyo, ndipo pali manambala otchedwa fuel trim, osonyeza kuchuluka kwa mafuta amene kompyuta ikuwonjezera kapena kuchotsa. Pa injini yabwino amakhala pafupi ndi ziro. Akapitirira 10 pa 100 aliwonse, pali chofunika kufufuza. Ndiye taonani nzeru yake: ngati nambalayo ili pamwamba injini ikungolira payokha, koma nkutsika mukaponda mafuta, kawirikawiri ndiye kuti pali pobooka, chifukwa kampweya kakuba kamaonekera kwambiri pamene injini ikukoka mpweya wochepa. Ngati ikukwera pamene mukuponda, ganizirani za mafuta osakwana kapena kasensa kodetsedwa kaja. Kuyeza kumeneku ndi kwa mphindi zochepa, ndipo sikufuna kugula kalikonse. Munthu amene akukuchitirani zimenezi ndi amene akuyenera ndalama ya kompyuta.

Chimodzimodzi ndi makhodi a kuphonya kwa injini. P0300 ikunena kuti injini ikuphonya mosasankha malo, P0301 ndi silinda yoyamba, P0302 yachiwiri, motero. Anthu ambiri amathamangira kugula makoilo onse. Musanatero, chotsani koilo ya silinda yachiwiri muisinthanitse ndi ya yachitatu, muyende pang'ono, muwerengenso. Khodi ikasamuka nkukhala P0303, mwagwira wakuba, ndi koiloyo. Ikakhala pomwepo, koilo ilibe mlandu, yang'anani pulagi, injekita, kapena mphamvu ya silindayo. Pa kainjini ka masilinda atatu ngati ka Passo, silinda imodzi ikaphonya galimoto yonse imanjenjemera, simungakayike nkomwe.

Ndipo pa nkhani ya kuphonyaku, gwirani ichi. Nyali ikangoyaka chiyakire, mungathe kufika kumene mukupita nkukaionetsa mawa. Ikamaphethira muli paulendo, chepetsani liwiro, pezani poima. Kuphethirako kukutanthauza kuti petulo wosapsa akutsikira mu ekisozi, ndipo akukaotcha chosefera utsi chija amakaniko amati catalytic converter. M'kati mwake muli tizitsulo tamtengo wapatali, platinum, palladium ndi rhodium, nchifukwa chake anthu amachiba kapena kuchigomola nkukagulitsa. Galimoto imene chosefera chake chinakolowoledwa nthawi zambiri imatulutsa P0420, ndipo khodi imeneyo mungaifufute kambirimbiri, izibwerabe. Nanga ipita bwanji, chinthu chimene kompyuta ikuyeza palibe?

Kufufuta kumeneku ndi kumene ndimadana nako kwambiri. Pa makina aliwonse pali batani lozimitsira nyali. Mukalidina nyali imazima, mwini galimoto nkumwetulira, nkulipira, nkunyamuka. Palibe chimene chakonzedwa. Mavuto ambiri kompyuta imafuna kuwaona pa maulendo awiri otsatizana isanayatse nyali, ndiye munthu amayenda tsiku limodzi kapena awiri akuyamikira makaniko, Lachisanu nyali ija nayo yabwerera. Choipa kwambiri nchakuti kufufutako kumataya umboni. Pamene vuto linachitika, kompyuta inasunga chithunzi cha nthawi imeneyo: injini inkazungulira motani, galimoto inali pa liwiro lanji, madzi anali atatentha bwanji. Amati freeze frame. Chithunzi chimenechi ndi chimene chimasiyanitsa vuto lobwera m'mawa injini ili yozizira ndi lobwera pokwera chitunda cha Linthipe galimoto itadzaza. Mukafufuta, makaniko wotsatira amayamba mumdima. Choncho inu amayi, inu abambo, galimoto yanu ikaikidwa pa kompyuta, imani pomwepo, mupemphe mwaulemu kuti, "Achimwene, musanafufute ndijambuleko." Jambulani makhodi onse pafoni, ndi tsamba la freeze frame lomwe. Galimotoyo ndi yanu, ndipo zimene yanena ndi zanu. Makaniko wabwino sakwiya nazo. Kufufuta kuli ndi nthawi yake, ndiyo pamene ntchito yatha, kuti muone ngati khodi ibwerenso.

Dziwaninso malire a kabokosi kotchipa kaja. Lamulo limene linakabala linali la utsi, choncho kamawerenga za injini basi. Nyali ya ABS kapena ya airbag ikayaka, nthawi zambiri kadzakuuzani kuti palibe vuto, pamene vuto lilipo, kungoti lili mu kompyuta ina imene iko sikafikako. Eni ma hybrid monga Prius ndi Aqua, khodi ya P0A80 ikunena za batire lalikulu lija kuti latopa, ndipo kumeneko kuli magetsi oposa mavoti 100, mawaya ake a mtundu wa olenji. Kuwerenga werengani, koma manja asapiteko. Ndipo pali zambiri zimene kompyuta sizidziwa nkomwe. Bering'i ikulira, shoko yatha, mabuleki atha mapadi: pa galimoto zambiri palibe khodi ya zimenezi. Khutu la makaniko likadali ndi ntchito. Nyali yofiira ya oyilo kapena ya kutentha ikayaka, musafunefune foni kuti muwerenge khodi, zimitsani injini.

Mukamaliza kuwerenga, zulani kabokosiko. Paja ndanena kuti pa nambala 16 pamakhala moto nthawi zonse. Kakagona pomwepo galimoto itaima masiku angapo, kamatha kukhetsa batire, m'mawa wina nkuyamba kuitana ana a pakhomo kuti adzakankhe. Komanso pa soketi yomweyo ndi pamene akatswiri amalembetsera kiyi watsopano, ndipo ku Britain mbava za magalimoto zakhala zikugwiritsa ntchito njira imeneyi. Nchifukwa chake galimoto yanu musamangoisiya ndi munthu aliyense wonyamula laputopu.

Tsopano kwa inu amene mukufuna kugula galimoto yoyendapo kale, pamene wogulitsa akulumbira kuti ndi ya mayi wina amene ankangopita nayo kutchalitchi. Choyamba, tembenuzani kiyi osaliza injini, muyang'ane ngati kanyali ka injini kayaka pamodzi ndi zinzake. Kayenera kuyaka, nkudzazima injini ikalira. Kakapanda kuyaka nkomwe, wina anachotsa babu kapena anakaphimba kumbuyo. Kompyuta yokha sinyengeka, chifukwa makina amaonetsa ngati yalamula kuti nyali iyake, ngakhale nyaliyo ikhale yakufa.

Chachiwiri ndi chimene ogulitsa ambiri sachidziwa. Galimoto ikamayenda imadziyesa yokha mayeso angapo, monga a chosefera utsi ndi a masensa a mu ekisozi, ndipo imalemba kuti ayi awa ndamaliza, awa sindinamalize. Munthu akafufuta makhodi, kapena akachotsa waya wa batire, mayeso onsewa amabwerera poyambira, ndipo pamatenga maulendo angapo, injini kuzizira ndi kutentha, kuyenda mtauni ndi pamsewu wautali, kuti amalizikenso. Choncho mukalowetsa makina nkupeza kuti khodi palibe ngakhale imodzi, koma mayeso ambiri akuonetsa kuti sanamalizike, dziwani kuti wina wakolopa m'nyumba alendo ali pakhomo. Galimoto zambiri zimaonetsanso makilomita amene zayenda chifufutire makhodi. Odomita ikamati makilomita 140,000 koma chifufutire yangoyenda makilomita 12, funsani. Mwina adzati batire ndi latsopano, ndipo zikhoza kukhala zoona, tsegulani boneti mulione batirelo. Kenaka pemphani kuti muyende nayo ulendo wautali ndithu, injini itenthe, mukwere nayo chitunda, ndipo pobwerera muwerengenso, muonenso makhodi amene akudikira kutsimikizika, amene makina amawalemba kuti pending. Amenewa amatuluka nyali isanayake. Wogulitsa akakana kuti chingwe chilowe pa soketi, ndalama zanu zisatuluke m'thumba tsiku limenelo.